Msewu tiziuyeza ndi phazi la woyenda pansi

Amene akufuna kudziwa mmene anthu a mu Lilongwe amayendera adzuke tambala woyamba atangolira, akaime pamsewu wochokera ku Area 25 kulowera ku Kanengo, kapena panjira zotuluka mu Mtandire, mu Chinsapo ndi mu Kauma. Nthawi imeneyo galimoto zimakhala zowerengeka, koma anthu ndiye mdipiti. Alonda akuweruka, amayi ogwira ntchito za m'nyumba akuthamangira ku Area 47 ndi Area 10 kuti akafike abwana asanadzuke, anyamata aganyu ali ndi makasu paphewa, amayi asenza madengu a masamba mwana ali kumbuyo, abambo akukankha njinga zolemedwa ndi matumba a makala. Ena amayenda ola lathunthu, ena maola awiri, ndipo madzulo amabwereranso momwemo. Sikuti amakonda kuyenda. Ndalama ya minibasi, kupita ndi kubwera, ukaiwerengera mwezi wonse imadya gawo lalikulu la malipiro awo, ndiye amasankha kuti phazi livutike kuti ana apeze ndiwo.

Anthu amenewa ndiwo ambiri pamsewu, ndipo ine ndikuti mapulani a misewu yathu aziyambira pa iwo. Lero amayambira pa galimoto. Mainjiniya akamakonzekera msewu, ntchito yodziwika bwino ndi kuwerenga galimoto zodutsa: zing'onozing'ono zingati, mathiraki angati, ndipo zaka makumi awiri zikubwerazi zidzakhala zingati. Mayankho a mafunso amenewo ndiwo amanena kukula kwa msewu. Amene amavomereza mapulaniwo nawonso amapita kuntchito pagalimoto, ndipo vuto limene amalidziwa pathupi pawo ndi mpanipani wa pa raundabauti nthawi ya 7 koloko m'mawa. Sindikuwanena kuti ndi ouma mtima. Munthu amaona chimene chili patsogolo pake, ndipo woyenda pansi ukamamuonera m'galimoto amaoneka ngati chinthu chongofunika kuchizemba.

Vutoli lidayamba kale. Lilongwe idakhala likulu la dziko mu 1975, kulanda Zomba, ndipo mapulani ake adajambulidwa ndi thandizo la South Africa ya nthawi ya tsankho. Mzindawu adaumwaza: Old Town uku, City Centre ndi Capital Hill uko, mafakitale ku Kanengo, pakati pake nkhalango ndi madambo. Opeza bwino adapatsidwa malo oyandikira maofesi, anthu wamba adatsalira kumphepete. Mzinda womwazika chotere sungayende popanda mabasi aakulu. Akuluakulu athu amakumbukira mabasi a United Transport, kenako a Stagecoach, kenako a Shire Bus Lines, oyenda panthawi yoikika, otenga anthu ambiri nthawi imodzi. Onsewo adatha. Kalembera wa 2018 adapeza kuti mu mzinda wa Lilongwe muli anthu pafupifupi miliyoni imodzi, ndipo anthu onsewo alibe mabasi a m'tauni odalirika. Mpatawo adautseka ndi maminibasi, ma Sienta ndi akabaza, aliyense mmene angathere.

Boma litaganiza zochitapo kanthu pa mpanipani wa mu Lilongwe, lidasankha kukulitsa misewu. Msewu wa Kenyatta, umene lero ukudziwika ndi dzina la malemu Saulos Chilima, ndi msewu wa Mzimba adaikonza kuti galimoto ziziyenda m'mizere isanu ndi umodzi, itatu uku itatu uko. Mu 2021 tidadzuka n'kupeza mitengo ikuluikulu ya m'mbali mwa msewu wa Kenyatta ili pansi. Inali mitengo yakale, ina ya m'bawa, yoti munthu mmodzi sangaikumbatire, pamsewu wodutsa pafupi ndi nkhalango yosungirako nyama ya m'mphepete mwa mtsinje wa Lingadzi. Anthu adadandaula kwambiri, ndipo bungwe loteteza chilengedwe la MEPA lidalamula kuti ntchito yodulayo iime kaye chifukwa ndondomeko younika mmene chilengedwe chikhudzidwire inali isanatsatidwe mokwanira.

Chimene chimandipweteka pankhani imeneyi ndi dongosolo lake. Lamulo la zachilengedwe la 2017 limafuna kuti ntchito yaikulu ngati imeneyi iunikidwe isanayambe: anthu akhudzidwa bwanji, madzi ayenda bwanji, chitayike n'chiyani, ndipo kodi palibe njira ina. Kafukufuku wotere ali ndi phindu pokhapokha ngati angathe kusintha pulani. Akabwera macheka atadutsa kale, amangokhala pepala losungira m'kabati. Mwina akadachitika panthawi yake, injiniya akadakhotetsa msewu pang'ono, kapena akadasiya mzere umodzi wa mitengo pakati pa galimoto ndi kanjira ka oyenda pansi. Mwina akadapeza kuti mizere inayi ndi yokwanira. Sitidapatsidwe mpata woti mafunso amenewo afunsidwe mitengo ili chiimire, ndipo akulu adanena kale kuti safunsa adadya phula.

Ambiri adayankha kuti walira mvula walira matope: mukufuna chitukuko, ndiye musalire mitengo, ina idzabzalidwa. Yankho limeneli ndi la munthu amene sayendamo wapansi m'mwezi wa Okutobala. Kwa amene ali m'galimoto mtengo ndi chokongoletsa. Kwa mayi amene akuchokera ku chipatala cha Kamuzu Central mwana ali kumbuyo, dzuwa likuswa mtengo, mthunzi ndi gawo la msewuwo monga mmene phula lilili gawo la msewu kwa dalaivala. Pansi pa mitengo yotere ndi pamene wogulitsa nthochi amayala malonda ake, pamene wokonza njinga amaika zipangizo zake, pamene agogo amapumira. Mbande imene tabzala lero idzapereka mthunzi wotere patapita zaka makumi awiri kapena atatu, ngati mbuzi, moto ndi chilala ziisiya. Amene adali kuyenda pamenepo mu 2021 ambiri adzakhala atakalamba. Mtengo umenewo wa chitukuko adaulipira ndi iwo, pamene phindu lalikulu lidapita kwa ena.

Ndisaname, misewu yatsopanoyi ndi yokongola, ndipo tinjira ta oyenda pansi timene aika m'mbali mwake ndikutiyamikira. Koma munthu sayenda chotsata msewu kokha, amafunanso kuwoloka. Msewu ukakula ndi kusalala, galimoto zimathamanga. Kale mwana wasukulu ankayang'ana uku ndi uko n'kudutsa mizere iwiri. Lero akuyenera kudutsa isanu ndi umodzi, ndipo galimoto ya mzere woyamba ikaima kumupatsa mpata, ya mzere wachiwiri siimuona. Ndidaimapo tsiku lina ndi agogo ena aakazi ogwira ndodo, tikudikira mpata pamsewu wina waukulu. Adayamba katatu n'kubwerera. Pomaliza mnyamata wina wogulitsa mayunitsi adasiya malonda ake, n'kuimika mkono, n'kuwawolotsa atawagwira dzanja. Ena amati yankho ndi milatho yokwera pamwamba. Koma masitepe makumi atatu angawakwere bwanji munthu wa panjinga ya aulumali, mayi woyembekezera, kapena bambo wokankha njinga ya makala? Chimene chimateteza wowoloka ndi galimoto yoyenda pang'onopang'ono: mahampu, maloboti ogwira ntchito, kachilumba koimapo pakati pa msewu, magetsi a usiku, ndi malo owolokera oikidwa pamene anthu amawolokeradi.

Palinso funso loti kodi kukulitsa msewu kumathetsadi mpanipani. Mizinda yambiri idayesa. Ku Nairobi adatsegula msewu waukulu wa Thika mu 2012, wamizere yambirimbiri, ndipo sipadapite zaka zambiri usanadzazenso. Chifukwa chake n'chosavuta kumva. Msewu ukatakasuka, amene ankazengereza kugula galimoto amagula, amene ankadzuka m'mamawa kuthawa mpanipani amayamba kunyamuka nthawi imodzi ndi anzawo, ndipo anthu amamanga nyumba kutali podalira msewuwo. Anzathu a ku Dar es Salaam adayesa njira ina. Mu 2016 adayambitsa mabasi aakulu oyenda m'mizere yawoyawo pakati pa msewu, kuchokera ku Kimara kukafika ku Kivukoni, amene eni ake amawatcha mwendokasi. Mabasiwo akumana ndi mavuto awo, a kuchepa ndi kudzaza kwambiri, koma adaonetsa kuti mzere umodzi woperekedwa kwa basi umanyamula anthu ochuluka kuposa mizere ingapo ya galimoto za munthu mmodzimmodzi.

Ife mizere isanu ndi umodzi tili nayo kale. Bwanji osapatula iwiri kuti ikhale ya mabasi ndi maminibasi okha? Izi sizifuna ngongole yatsopano yaikulu, zikufuna utoto, zikwangwani, apolisi ndi kulimba mtima. Ndipo eni maminibasi, madalaivala, makondakitala ndi oitanira asatayidwe kunja. Ndi iwo anyamula mzindawu zaka zonsezi pamene panalibe wina, ndipo pulani iliyonse yowachotsera nsima pakamwa idzafera panjira. Athandizidwe kugwirizana m'magulu n'kugula mabasi aakulu, apatsidwe masiteji enieni okhala ndi denga ndi zimbudzi.

Tituluke mu Lilongwe, titsate M1. Msewu umenewu ndiwo msana wa dziko, kuchokera ku Nsanje mpaka ku Karonga, ndipo papepala ndi wa galimoto zothamanga ulendo wautali. Koma aliyense amene adayendapo akudziwa kuti pa Nathenje, pa Chimbiya, pa Lizulu, pa Tsangano, pa Zalewa, pa Lunzu, pa Mponela ndi pa Jenda, msewuwo ndi msika. Tomato, kabichi, mbatata ya kachewere ndi nyama yootcha zili m'mphepete mwenimweni mwa phula, ndipo basi ikaima amayi amathamangira kumazenera. Mu 2019 thiraki idalowerera anthu pamsika wa Kampepuza ku Ntcheu n'kupha ambiri nthawi imodzi. Zikatere timamva mawu omwewo: mavenda achoke m'mbali mwa msewu. Lamulo likunenadi kuti malo a m'mbali mwa msewu waukulu asamangidwepo kanthu. Koma mayi wogulitsa tomato adabwera pamenepo chifukwa ndi pamene pali wogula. Mukamumangira msika kuseri kwa sitolo, kumene basi siima, adzabwerera mawa lomwe. Pulani yanzeru imavomereza kuti msika ulipo, n'kumanga malo otakasuka oti galimoto zizipatukira ndi kuima, mashedi oyang'ana pamalo amenewo, chotchinga cholimba pakati pa anthu ndi msewu, ndi zochepetsa liwiro kuyambira patali. Pamene msika wakula kwambiri, mathiraki apatsidwe njira yolambalala.

Kwa zaka zambiri zapitazi, ngozi zapamsewu zakhala zikupha anthu oposa 1,000 pachaka m'dziko muno, ndipo gawo lalikulu la iwo ndi oyenda pansi ndi apanjinga. Dziko lathu lili ndi galimoto zochepa poyerekeza ndi mayiko ena, koma imfa zapamsewu ndi zochuluka. Timakonda kunena kuti dalaivala adaledzera kapena woyenda pansi sadayang'ane, ndipo nthawi zina n'zoona. Koma pamalo pamene pagundidwa anthu chaka ndi chaka, pamene anthu a m'deralo afika pokumba okha mahampu kapena kuika miyala, cholakwa chili pa kamangidwe ka msewuwo. Mu 2022 idayamba ntchito yokonzanso M1 makilomita pafupifupi 300 kuchokera ku Lumbadzi kulowera kumpoto, ndi ndalama za ku Ulaya. Kukulitsa kwake ndi kwabwino, makamaka ngati m'mphepete mwake mutsala malo a njinga. Koma msewu wosalala ndi wothamangitsa, ndipo sukulu zimene zili m'mbali mwake sizidasunthe.

Za akabaza ndinenepo pang'ono, chifukwa amanyozedwa kwambiri. N'zoona kuti ambiri a njinga zamoto alibe ziphaso, sapereka chipewa kwa wokwera, ndipo m'zipatala mwadzaza anthu othyoka miyendo. Zimenezo zikonzedwe, ndipo mitengo ya chiphaso ndi kulembetsa njinga ikhale yoti mnyamata wakabaza angaikwanitse. Koma tisaiwale chifukwa chimene kabaza adabadwira. Amafika kumene minibasi siifika, m'tinjira ta m'makwalala ndi m'midzi, ndipo amadyetsa mabanja ambirimbiri m'dziko limene ntchito zolembedwa ndi zosowa. Ku Mzuzu, ku Salima, ku Balaka, njinga yakapalasa ndiyo takisi ya munthu wamba. Msewu womangidwa ngati kuti njinga kulibe umaika wopalasa pakati pa thiraki ndi ngalande.

Tsopano nkhani ya chuma, pakuti oteteza misewu ikuluikulu amati iwo ndiwo akuganizira chuma. Tiyeni tiwerengere limodzi. Galimoto iliyonse ya m'dziko muno idagulidwa kunja ndi ndalama zakunja. Mafuta ake, matayala ake, zitsulo zake, ngakhale phula la msewu umene ikuyendamo, zonse ndi zakunja. Tonse tagonapo kapena taona anzathu akugona pamizere ya mafuta. Kwacha idagwetsedwa ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, n'kugwetsedwanso ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, ndipo nthawi zonse ziwiri mtengo wokwerera minibasi udakwera msanga kuposa malipiro a munthu aliyense. Dziko lopanda mafuta akeake, lopanda doko la panyanja yamchere, losowa madola, likamakonza mizinda yake moti aliyense afune galimoto yake, likudzimangirira lokha chingwe m'khosi. Basi imodzi yonyamula anthu makumi asanu ndi limodzi imamwa mafuta ochepa kwambiri poyerekeza ndi galimoto makumi anayi. Woyenda pansi ndi wapanjinga sapempha dola ngakhale imodzi ku Reserve Bank. Kuwasamalira ndi nzeru yachuma yeniyeni.

Katundu wolemera nayenso ali pamalo olakwika. Feteleza, mafuta, simenti ndi tirigu zimalowa m'dziko muno makamaka pamathiraki kuchokera ku Beira, ku Dar es Salaam ndi ku Durban, ndipo mtengo wa ulendowo umathera m'thumba la mlimi wogula thumba la feteleza. Mathiraki omwewo ndiwo amaswa misewu, pakuti thiraki imodzi yodzaza imawononga phula kuposa galimoto zing'onozing'ono zikwizikwi. Kale katundu wathu wambiri ankayenda panjanji kupita ku Beira ndi ku Nacala, mpaka nkhondo ya ku Mozambique idadula njira zonse ziwiri m'zaka za m'ma 1980. Madzi osefukira atakokolola njanji pa Chiromo mu 1997, chigwa cha Shire chidatsala chodukidwa kwa zaka zoposa makumi awiri. Kampani ya migodi ya Vale itafuna kutulutsa malasha ake ku Moatize m'dziko la Mozambique, idamanga njanji yatsopano kudutsa ku Chikwawa, Mwanza ndi Neno kukalumikiza pa Nkaya, ulendo wa ku Nacala, m'zaka zochepa chabe. Apo tidaona kuti njanji imatheka pakakhala wina woifunitsitsa. Ntchito yokonzanso njanji ya Marka mpaka Bangula idayambika, ndipo ndikulakalaka ikadapatsidwa changu ndi ulemu umene misewu ya mu likulu idapatsidwa.

Tilinso ndi phunziro la ku Nsanje, limene sitiyenera kuliiwala. Mu Okutobala 2010 Pulezidenti Bingu wa Mutharika adatsegula doko kumeneko pamaso pa Robert Mugabe wa ku Zimbabwe ndi Rupiah Banda wa ku Zambia, ndi loto loti katundu aziyenda pamadzi kudzera mu Shire ndi Zambezi mpaka kunyanja. Lotolo silidali lopusa, pakuti dziko lotsekeredwa ngati lathu liyenera kufunafuna njira. Koma mtsinje wa Zambezi uli m'dziko la eni, ndipo a ku Mozambique adati sangalole kafukufuku wokwanira, kuphatikizapo wa zachilengedwe, asanachitike. Bwato loyamba lonyamula feteleza adaligwira m'njira. Mpaka lero konkireti ya dokolo ili chigonere. Mafunso amene adazembedwa poyamba adadzabwera pambuyo, ndalama zitapita kale.

Komabe kumene mtima wanga uli kwenikweni ndi kumudzi. Kalembera yemwe uja wa 2018 adapeza kuti mwa anthu 100 aliwonse, 84 amakhala kumidzi. Pa misewu yolembedwa m'kaundula wa boma, yotalika makilomita oposa 15,000, ya phula ndi pafupifupi gawo limodzi mwa magawo anayi. Yotsalayo ndi yafumbi m'chilimwe, yamatope m'dzinja. Azakhali anga amalima tomato ndi kachewere m'mapiri a ku Ntcheu, makilomita osafika makumi awiri kuchokera pa M1. Pakati pa mudzi wawo ndi msewu waukulu pali kamtsinje kamene m'mwezi wa Ogasiti mwana amakadumpha. Mvula ikagwa masiku atatu, lole siwoloka. Tomato amapsa onse pamodzi, ndipo venda mmodzi amene wafika ndi njinga yamoto ndiye amatchula mtengo. Azakhali amagulitsa akulira, apo ayi atayira nkhumba. Chaka china mpongozi wawo adayamba kumva kupweteka kwa uchembere usiku, mtsinje utadzaza. Amuna anayi adamunyamula pamachira n'kuwoloka madzi ali m'chiuno. Adapulumuka iye ndi mwana, koma mudzi wonse umakumbukira ena amene sadapulumuke.

Chimene mudzi umenewo ukufuna si phula. Ndi kamlatho ka konkireti kamodzi, makalavati angapo, ndi giredala yodutsa kamodzi pachaka mvula ikatha. Ndalama ya kilomita imodzi ya msewu wa mizere isanu ndi umodzi ingamange timilatho totere tambiri. Koma kamlatho ka kumudzi sikakhala ndi mwambo wodula riboni, sikaoneka pa TV, ndipo amene kawapulumutsa sadziwika chifukwa sadafe. Powerengera phindu la msewu, akatswiri amaika mtengo pa mphindi zimene woyendetsa galimoto wapulumutsa. Aikenso mtengo pa dengu la tomato wowola, pa masiku amene mwana sadapite kusukulu chifukwa cha mtsinje, pa mphunzitsi ndi namwino amene adakana kukagwira ntchito kudera losafikika. Akatero, mndandanda wa misewu yoyamba kumangidwa udzasintha. Anthu a ku Nthalire ndi ku Hewe, amene amva lonjezo la msewu wa Rumphi, Nyika mpaka Chitipa kuchokera kwa maboma otsatizanatsatizana, akudziwa bwino zimene ndikunena.

Kusamalira zimene tili nazo kale ndi mbali ina imene timaithawa. Dzenje la pamsewu limayamba ngati mng'alu woti chidebe chimodzi cha phula chikadatseka. Likasiyidwa dzinja limodzi, madzi amalowa pansi, ndipo pakatha zaka zitatu msewu wonse ufunika kuumanganso ndi ngongole. Timalipira msonkho wa misewu pa lita iliyonse ya mafuta. Kuyambira kumapeto kwa 2021 tikulipiranso pa toll gate ya Chingeni, ndipo pambuyo pake idabwera ya Kalinyeke ku Dedza. Ine kulipirako sindikukana. Ndikupempha kuti a Roads Fund Administration ndi a Roads Authority aziika poyera, m'Chichewa ndi m'Chitumbuka, pazikwangwani pomwepo pachipata, kuti chaka chino zatoleredwa zingati ndipo zakonza chigawo chiti cha msewu. Wolipira akaona ndi maso ake sadandaula.

Ndipo madzi. Akale adati madzi saiwala khwawa, ndipo injiniya aliyense ayenera kuwapachika mawu amenewa muofesi mwake. Mu 2019 kudabwera namondwe wa Idai, mu Januwale 2022 namondwe wa Ana adadula M1 ku Chikwawa, ndipo mu Malichi 2023 namondwe wa Freddy adagumula mapiri ku Chilobwe ndi ku Phalombe, n'kukokolola misewu ndi milatho ku Mulanje ndi madera ena akummwera, moti kwina thandizo lidafika pa helikopita yokha. Mlatho womangidwa potengera mvula ya zaka makumi asanu zapitazo sungapirire mvula ya lero, makamaka pamene mapiri adametedwa mitengo ndipo madzi amatsika onse nthawi imodzi atanyamula miyala ndi mchenga. Ndiye pulani ya msewu iyenera kuyang'ana kumtunda kwa mtsinje, kuphiri kumene madziwo akuchokera. Kubzala mitengo ndi vetiva kumeneko ndi ntchito ya msewu ndithu. M'tauni namonso, phula ndi konkireti zikachuluka madzi salowa pansi. Ngalande ya msewu watsopano imawasonkhanitsa n'kukawatula kwinakwake, ndipo kawirikawiri kwinakwakeko ndi kumene kumakhala osauka, m'mphepete mwa Lingadzi kapena Mudi. Anthu a ku Mtandire adaona kale madzi akulowa m'nyumba zawo.

Pali zina zimene zimatsala kontilakitala akapakira zida zake: maenje akuya okumbamo dothi ndi miyala, amene m'dzinja amadzaza madzi n'kumiza ana ndi kuswetsa udzudzu, minda yodulidwa pakati, atsikana osiyidwa ndi mimba pafupi ndi misasa ya antchito, mabanja amene adalonjezedwa chipukutamisozi n'kuchilandira kwacha itagwa kale, ndalama yake yosakwananso malata. Zonsezi n'zodziwikiratu ntchito isanayambe, choncho zilembedwe m'pangano, ndipo ndalama yomaliza isaperekedwe dzenje lisanakwiriridwe.

Ena adzati anthu amafunsidwa msewu usanamangidwe, misonkhano imachitika. Imachitikadi. Koma msonkhano wa muhotela, Lachitatu nthawi ya 10 koloko m'mawa, wa m'Chingerezi, wokhala ndi mapu amene ajambulidwa kale, mlonda uja ali m'tulo ndipo mayi wa masamba ali pamsika. Kumudzi amaitana amfumu ndi anthu owerengeka, n'kuwauza kuti chitukuko chikubwera, ndipo ndani angaimirire pamaso pa gulu kutsutsa chitukuko? Kufunsa kwenikweni ndi kwakuti injiniya asiye galimoto, ayende wapansi ndi ana asukulu kuchokera kunyumba mpaka kukalasi, akankhe njinga ya munthu waulumali kuchokera pa depoti mpaka kuchipatala, akhale pa siteji madzulo amve amayi akunena malo amene amaopa kudutsa kukada. Aphungu ndi makhansala athu azifunsa chiwerengero cha oyenda pansi ndi apanjinga asanavomereze ndalama ya msewu uliwonse.

Mu Old Town, pakati pa misika iwiri yoyang'anana pamtsinje wa Lilongwe, anyamata adamanga milatho yamitengo ndi matabwa, ndipo aliyense wowoloka amalipira kandalama. Ikakokoloka ndi madzi amaimanganso. Anthu ambirimbiri amadutsapo tsiku lililonse, atasenza mabelo a kaunjika ndi matumba a mbatata, matabwa akugwedera pansi pa mapazi awo. Anyamatawo sadachite kafukufuku wina aliyense, adangoona pamene anthu amafuna kuwolokera. Pamenepo khonsolo ya mzinda imange mlatho wolimba wa oyenda pansi, wotakasuka moti wilibala ndi njinga ya aulumali zizidutsa, wokhala ndi magetsi, ndipo anyamata amene akhala akuwolotsa anthu zaka zonsezi akhale oyamba kulembedwa ntchito yomanga ndi kuusamalira.